Mowa, Mtaliyana ndi Mluzu wa Bambo Chikopa

Zikomo amayi apampando pondipatsa mpata. Abale ndi alongo, amene simundidziwa, ine ndine Esinati, kwathu ndi ku Chinamwali ku Zomba. Ena mumandidziwa ngati mayi uja amaimba kiyibodi Lamlungu. Ena mumandidziwa chifukwa munamva kuti ndinamangidwapo pa Lafayette Road. Zimene munamvazo ndi zoona. Apolisi anandigwira ndikuyendetsa galimoto nditaledzera, masanasana. Ndaima pano chifukwa ndikudziwa kuti m'chipinda muno si ine ndekha amene ndinabisapo botolo pansi pa zovala.

Koma mundilole ndiyambe ndi Mtaliyana wina, chifukwa popanda iyeyo simumvetsa chimene chinandibweretsa ku Indiana.

Bambo anga anali ndi vidiyo sho kuseri kwa nyumba. Ana aakazi sankaloledwa kulowamo, choncho ine ndinkakhala pakhomo ndi beseni la zitumbuwa. Zithunzi sindinkaziona, ndinkangomva mawu kudzera m'matabwa. Mafilimu a makawuboyi akale aja ndi amene ankandisokoneza mutu. Anthu ake sankayankhula zambiri. Umangomva munthu akuimba mluzu, kenako chikwapu, kenako belu, kenako zii. Ndipo ine panjapo mtima unkandiuza kuti tsopano wina afa. Mchimwene wanga akatuluka ndinkamufunsa, iye n'kuvomera kuti wafadi. Ndinkadzifunsa kuti kodi mluzu wamba, womwe anyamata amaimbira agalu, ukundiuza bwanji za imfa ya munthu amene sindinamuone?

Nditafika ku koleji ndinamva kuti nyimbo zimenezo sanapeke ndi Mmereka ayi. Anapeka ndi bambo wina wa ku Roma, wovala magalasi, wooneka ngati kalaliki wa ku banki. Ndinayamba kumufufuza. Anayamba ndi lipenga ngati bambo ake, anaphunzira kupeka nyimbo zapamwamba kusukulu, koma kuti adyetse banja ankakonzera nyimbo oimba a pa wailesi. Atayamba za mafilimu ankachita nazo manyazi pamaso pa aphunzitsi ake, moti zina ankalemba pa dzina lina. Mafilimu a makawuboyiwo analibe mphamvu yolemba ntchito gulu lalikulu la mavayolini, ndiye iye anatola zimene zinalipo: mluzu, gitala wamagetsi, chikwapu, amuna okuwa, mayi mmodzi woimba wopanda mawu enieni. Munthu aliyense wa m'filimu ankamupatsa kaphokoso kakekake, kafupi, manotsi awiri kapena atatu, kuti ukakamva udziwe amene wafika. Kenako analemba za mafilimu a mitundu yonse, achikondi, andale, oopsa, a zachipembedzo. Sankapekera pa piyano. Ankakhala pa tebulo ndi pensulo, zonse zili m'mutu. Ku America sanasamukireko, Chingerezi sanachiphunzire, ndipo ulemu waukulu wa kuno unamupeza atakalamba.

Mwayi wa lotale ya mapepala okhalira ku America utandigwera, ndinabwera ku South Bend, ndipo ndinapeza malo pa yunivesite ina kuti ndichite digiri yachiwiri, ya masitazi, ya nyimbo. Thesisi yanga, kafukufuku womalizira digiriyo, inali pa iyeyo, makamaka mmene ankagwiritsira ntchito mawu a munthu ngati choimbira. Chaka choyamba ndinali munthu wosangalala kuposa aliyense m'tauni muja. Vuto linali loti sindinkamaliza. Funso lililonse ndikaliyankha linkabereka ena. Mayi amene ankandiyang'anira pa kafukufukuyo ankandiuza kuti, "Esinati, wawerenga zokwanira, tsopano lemba." Ine ndikakhala pansi kuti ndilembe, tsamba linkangondiyang'ana.

Kumudzi sindinkamwa. Vinyo ndinamulawa koyamba pa phwando la ku dipatimenti, ndipo ndinaona kuti ndikamwa tambula imodzi mantha a tsamba lija amachepa. Tambula inasanduka botolo. Vinyo anasanduka vodika wothira m'botolo la madzi, wolowa naye m'chipinda chophunzirira piyano. Ndinkauza anthu kuti ndikupita ku laibulale ku Chicago, n'kukwera sitima pa siteshoni ya ku eyapoti ija, kumwa ulendo wonse, kufika, kukhala pa benchi, n'kukwera yobwerera. Tsiku loti ndifotokoze kafukufuku wanga pamaso pa aphunzitsi, ndinaima kutsogolo, n'kuika nyimbo yolakwika, n'kuiwala chimene ndimafuna kunena. Palibe anaseka. Mphunzitsi wina anangodzuka n'kundibweretsera mpando. Anandipatsa mwayi wina, ndinauwononganso. Ndinadiropa, sukulu inathera pomwepo.

Ndinathawira kuno ku Indianapolis. Ndinapeza ntchito yosamalira okalamba, anandichotsa chifukwa cha fungo. Ndinapeza ina, ndinasiya kupitako ndekha. Amayi anga akaimba foni ndinkati ndatsala pang'ono kumaliza. Kutchalitchi ndinasiya. Ndipo chimene sindinachizindikire nthawi imeneyo ndi ichi: ndinasiya kumvera nyimbo. Ine amene ndinawoloka nyanja chifukwa cha funso, ndinalibenso funso lina lililonse kupatula loti botolo lotsatira lichokera kuti. Tsiku lija pa Lafayette ndinkatuluka pa shopu ya zakudya zakwathu, n'kukagunda chitsulo cha getsi pamalo oimika magalimoto. Mulungu anachita chifundo, panalibe munthu pamenepo. Ena mwa inu munalipo ndi matumba a ufa m'manja pamene ankandimanga maunyolo.

Ndinagona m'chitokosi. Khoti linandilanda laisensi, n'kundilamula kupita ku makalasi ndi ku misonkhano ya anthu ofuna kusiya mowa. Nyumba imene ndinkakhala anali atandiuza kale kuti ndituluke.

Amene anabwera kudzanditenga ndi Mayi Chikopa, nesi uja wa ku Lawrence, konkuno ku Indianapolis. Tinali titangoonana kangapo kutchalitchi. M'galimoto sanandilalikire. Anati:

"Esinati, ine sindikutenga chifukwa ndine woyera mtima. Ndikufuna munthu. Bambo akunyumba anadwala sitiroko, ine ndikakhala pa shifiti amakhala okha. Chipinda chilipo. Mowa m'nyumba mwanga ayi. Wamva?"

"Ndamva, amayi."

"Ukandinamiza ndidziwa. Ndagwira ntchito ndi zidakwa zochenjera kuposa iwe."

Bambo Chikopa anali mphunzitsi wa masamu kumudzi, kuno ankagwira ntchito mu labu ya chipatala. Sitiroko inawapha mbali ya kumanja, n'kuwalanda mawu. Anangotsala ndi liwu limodzi: "chabwino". Akafuna madzi, chabwino. Akamva kupweteka, chabwino. Akakwiya, amamenya mpando ndi dzanja lamanzere, maso ali psu, pakamwa pakutuluka chabwino. Zonse ankamva, nzeru zinalipo, koma khomo lotulukira linali lotseka. Tsiku lonse ankakhala pa mpando wawo kuonera tchanelo cha mafilimu akale.

Masiku oyamba sindinkawaona ngati munthu, ndinene zoona. Ndinkawaona ngati ntchito. Thupi langa linkanjenjemera, thukuta, mutu. Maganizo anga onse anali pa sitolo ya mowa imene ndinaiona tikubwera. Ku Lawrence mukudziwa, wopanda galimoto ali ngati wopanda miyendo, koma ndinali nditayeza kuti ndikayenda mwachangu ndikhoza kupita n'kubwera Mayi Chikopa asanaweruke.

Masana ena ndinatsimikiza. Ndinawapatsa bambo mankhwala, n'kuwaikira madzi pafupi, n'kuvala jekete ndi nsapato. Ndinali pakhomo, dzanja lili pa chogwirira, pamene ndinamva mluzu uja kuchokera pa TV. Ndinauzindikira pa notsi yoyamba. Unali wa Mtaliyana wanga. Mtima unandiwawa, ndipo ndinafuna kutuluka msanga kuti ndisaumve. Koma ndinamva chinthu chachilendo. Miluzu inali iwiri. Wina unali wosalala, wa pa TV. Wina unali wa mphepo yambiri, wotayikira kumbali, koma unali pa manotsi omwewo.

Ndinabwerera pang'onopang'ono n'kusuzumira pabalaza. Bambo Chikopa anali atatsinzina, milomo yopotoka ija atayisongola mbali imodzi, akuimba mluzu. Pamene nyimbo imakwera, iwo anakwera nayo. Pali malo amene wopeka uja anasiya dala opanda kanthu, nyimbo imangoima, iwe n'kumadikira. Bambo anaima pomwepo. Anadikira. Analowanso nthawi yake yeniyeni, osafulumira, osachedwa. Ophunzira anzanga ena ku South Bend ankaphonya malo amenewo.

"Bambo," ndinatero, "mwaimba ndinu?"

"Chabwino."

Ndinachepetsa mawu a TV. Ndinang'ung'udza chiyambi cha nyimboyo n'kusiya pakati. Anandiyang'ana kwa kanthawi, kenako anamaliza ndi mluzu. Ndinayesa ina, ya m'filimu ina, yofatsa, imene imaimbidwa ndi mayi uja wopanda mawu. Imeneyo sanaimbe mluzu. Anatsegula pakamwa n'kutulutsa "aaa", mawu okhuthala a munthu amene anaimbapo besi m'kwaya. Aka kanali koyamba kumva mawu awo akuchita china chake chosakhala chabwino.

Ndinakhala pansi pa kapeti, jekete ili m'thupi. M'mutu mwanga munadzaza mafunso ngati kale. Munthu amene sangathe kunena kuti madzi, akutha bwanji kusunga nyimbo yonse? Ngati mawu akutuluka poimba, chikuwatsekera poyankhula n'chiyani? Kodi nyimbo imakhala malo ena m'mutu, osiyana ndi kumene kumakhala mawu? Nanga ndikaika liwu pamwamba pa nyimbo, lingatuluke nayo limodzi? Ndinayesa. Ndinaimba "madzi" pa manotsi awiri. Milomo yawo inagwedezeka, panatuluka mpweya wokha. Ndinayesanso. Anakwiya, anamenya mpando, kenako anandikodola kuti ndiyesenso. Mmene ndinkamva galimoto ya amayi ikulowa, ndinazindikira kuti ndikadali ndi nsapato kumapazi, ndipo sitolo ija sindinaiganizirepo kuchokera pamene ndinachoka pakhomo.

Musandimve molakwa. Sindikunena kuti ludzu linatha tsiku limenelo. Ndikunena kuti kwa nthawi yoyamba panapezeka chinthu chimene ndinkafuna kudziwa kuposa mmene ndinkafunira kumwa.

Amayi atalowa anaona jekete. Ndinati, "Amayi, tamverani izi." Ndinayamba nyimbo, bambo anamaliza. Amayi anakhala pa mkono wa sofa, chikwama chili paphewa.

"Bambo a Limbani," anatero, "mluzu uwu munali nawo nthawi yonseyi, ine osandiimbira?"

"Chabwino," anatero bambo, ndipo tonse tinaseka, iwonso.

Amayi anandiuza kuti ali anyamata bambo ankakonda kanema ku Blantyre, ndipo akabwera kudzawachezera ku hositelo ya manesi ankaima panja n'kuimba mluzu umenewo kuti atuluke.

Sabata yotsatira ndinapita ndi bambo kwa mayi wachizungu amene ankawaphunzitsa kuyankhula kuchipatala. Ndinamufunsa mafunso mpaka nthawi yathu inatha. Anandifotokozera kuti kuimba ndi kuyankhula sizidutsa njira imodzimodzi mu ubongo, ndipo pali njira yodziwika yothandizira odwala otere: umaimba mawu afupiafupi pang'onopang'ono, uku ukugunda dzanja lamanzere la wodwalayo pa silabo iliyonse, kenako m'kupita kwa nthawi umachepetsa nyimbo kuti patsale kuyankhula. Anati anayesapo m'Chingerezi koma sizinapite patali, ndipo ankaganiza kuti mwina chinenero chobadwa nacho chingayende bwino, koma iye Chichewa sachidziwa. Anandiphunzitsa kagwiridwe ka dzanja, liwiro lake, ndi nthawi yosiya wodwala akatopa. Anandichenjezanso kuti si onse amene zimawathandiza.

Apa ndi pamene zaka zanga za ku South Bend zinagwira ntchito. Ndinachita zimene Mtaliyana uja ankachita ndi anthu a m'mafilimu ake. Chinthu chilichonse chimene bambo ankafuna kunena ndinachipatsa kanyimbo kakekake, kafupi: madzi kake, kupweteka kake, kuchimbudzi kake. Ndinaphunziranso kusiya mpata, osadzaza paliponse ndi mawu anga. Ndipo ndinatulukira chinthu chimene sindinachiganizirepo pa chinenero changa chomwe. Chichewa chili kale ndi nyimbo yake. Liwu lililonse lili ndi pamene limakwera ndi pamene limatsika. Ndikapeka kanyimbo kotsutsana ndi mmene liwulo timalinenera, bambo ankakwinya nkhope n'kukana. Ndikatsatira kakweredwe kake, milomo inkayamba kuyenda. Ndinkayenda m'nyumba ndikudziyankhulira ndekha, kumvetsera kuti kodi "ndikufuna" amakwera pati.

Zinatenga miyezi. "Madzi" anatuluka, woyamba ngati "mazi". Kenako mayina. Liwu loyamba limene anatulutsa okha, popanda ine kuwayambira, linabwera tsiku lina nditawapanikiza kwambiri. Anachotsa dzanja lawo m'dzanja langa, anandiyang'ana, n'kuimba pa kanyimbo ka madzi kaja: "Nda-to-pa." Ndinawaimbira foni amayi kuntchito. Anati, "Akunena zoona, nanenso umanditopetsa. Koma auze anenenso ndimve."

Tsopano mbali imene sindimakonda kunena. Ndinagwanso. Amayi anga kumudzi anandipempha chithunzi cha tsiku lomaliza maphunziro kuti akachipachike pabalaza. Nditadula foni ndinayenda ulendo uja wa ku sitolo, ndipo ulendo uno palibe chinandibweza. Ndinamwera kuseri kwa sitoloyo, n'kutafuna chingamu, n'kubwerera. Ndinakhala pafupi ndi bambo kuti tiyambe, n'kutenga dzanja lawo. Ananunkhiza. Analichotsa dzanjalo, n'kutembenuzira nkhope kukhoma. Ndinaimba, iwo chete. Ngakhale chabwino sananene.

Amayi atabwera sanafunse. Anandiitanira kukhitchini.

"Munthu wowapatsa mankhwala bambo ndikhoza kumupeza mawa," anatero. "Wowaimbira m'Chichewa ndimupeza kuti? Ukuganiza kuti ukamwa ukudzipweteka wekha? Bambo aja ayamba kuyembekezera. Ngati uziwasiya panjira, kuli bwino uchoke lero asanazolowere."

Ndinalira. Anandisiya ndilire, kenako anati, "Foni yako ili kuti? Aimbire mayi ako."

Ndinawauza amayi anga zonse, za sukulu, za mowa, za apolisi. Anamvetsera mpaka ndinamaliza. Kenako anati, "Nanga ukudya?"

Zimene ndinachita kuchokera pamenepo si zodabwitsa, koma ndizinena chifukwa mwina wina akuzifuna. Misonkhano ija ndinkapita chifukwa cha khoti, n'kukhala kumbuyo. Ndinayamba kukhala kutsogolo ndi kuyankhula. Ndinapeza mayi wina kumeneko amene anasiya mowa kalekale, ndipo ludzu likabwera ndimamuimbira ndisanavale nsapato, osati nditabwerako. Ndinapita kwa dokotala n'kumuuza zoona za kuchuluka kwa zimene ndinkamwa, ndipo ndikupempheni, amene mwamwa kwambiri kwa nthawi yaitali, musasiye mwadzidzidzi nokha kunyumba, ndi zoopsa, onanani ndi achipatala. Ndinazindikira kuti nthawi yanga yoipa ndi masana, choncho masana sindikhala ndekha. Ndinabwerera kutchalitchi ndikudziwa kuti anthu andiyang'ana, ndipo munandiyang'anadi, koma ena munandisunthira pa benchi. Bambo Chikopa anatenga masiku asanandipatsenso dzanja. Sindinawakakamize.

Thesisi ija sindinaimalize, ndipo mwina sindidzaimaliza. Panopa ndikuphunzira pang'onopang'ono za kuthandiza odwala pogwiritsa ntchito nyimbo, uku ndikugwira ntchito. Nyimbo za Mtaliyana uja ndinayambanso kumvera. Anamwalira osadziwa kuti kuli Chinamwali kapena Lawrence. Pali zambiri za iye zimene sindikuzimvetsabe, ndipo masiku ano kusamvetsako sikundiopsa. Mayi wa kuchipatala uja akuti sangatsimikize kuti ndi gawo liti la kuchira kwa bambo lachokera ku nyimbo, ndi liti lachokera ku nthawi ndi khama lawo. Inenso sindikudziwa. Ndikufuna kudziwa.

Inu amene muli mmene ndinalili, ndikufunseni chinthu chimodzi. Musanayambe kumwa, n'chiyani chinkakuchititsani chidwi? Mwina injini za magalimoto, mwina kusoka, mwina nyenyezi. Sindikunena kuti chimenecho chikuchiritsani. Misonkhano mupitebe, dokotala mumuonebe, pempheraninso. Koma mukasiya botolo patsala malo aakulu opanda kanthu, ndipo pafunika china choti muzidzukira.

Bambo Chikopa tsopano amanena ziganizo zifupizifupi, zina moyankhula, zina moimba. Atamva kuti ndidzaima pano lero, anapempha kuti pemphero lotsekera likhale lawo. Takhala tikukonzekera. Masiku ena limatuluka lonse, masiku ena limaima pakati, ndipo sindikudziwa kuti lero ndi tsiku liti. Ndikupempheni chinthu chimodzi: akaima, musawamalizire. Musanene ameni msanga. Ingodikirani.

Mayi Chikopa, tawasunthirani pafupi ndi maikolofoni. Bambo, dzanja langa ndi ili. Ndiyambe ndine, kapena muyamba nokha?